Mano Awiri a Woliza Lipenga

Achimwene anga aoneka m'mafilimu kwa zaka khumi ndi zinayi akuliza lipenga, koma palibe munthu ndi mmodzi yemwe amene anawamvapo. Sindikukokomeza. Mukaona filimu ili ndi bala kapena phwando la anthu olemera, musayang'ane awiri amene akukangana kutsogolowo. Yang'anani kumbuyo kwawo. Pali mkulu wa jekete yofiira, lipenga pakamwa, masaya otupa. Ndi iwowo. Jeketeyo ndinasoka ndine, ndipo ndaikulitsa kawiri. Koma nyimbo imene mumamvayo si yawo, amachita kuiika pambuyo pake kuchokera m'kompyuta.

Chimene chimandiwawa n'chakuti munthuyo amalidziwa lipenga. Ine ndine telala, za nyimbo sindinapitire kusukulu, koma ndinakulira m'nyumba imodzi ndi phokosolo, ndiye musanditsutse.

Bambo athu ankakonza mawailesi. Tsiku lina kasitomala anabweretsa galamafoni yakufa pamodzi ndi katoni ya malekodi, ndipo sanabwerenso. Bambo anaidzutsa galamafoniyo. Achimwene, amene nthawi imeneyo ankaliza lipenga mu bandi ya kusukulu, nyimbo zogubira zija, anaikapo lekodi imodzi n'kukhala pansi pakati pa mawaya. Sukulu inathera pomwepo. Mayi analira, bambo anakalipa mpaka mawu kusasa, koma mwana wawo anali atalowa m'jazi ndipo sanatulukemonso.

Kwa inu amene simuidziwa jazi, imayenda chonchi. Bandi yonse imayamba nyimbo pamodzi, bwinobwino ngati anthu anzeru. Kenako mmodzi amapatuka n'kuyamba kupeka zake ali chiimire, anzake akumusungira njira. Akazungulira mpaka kukhutira amabwerera, nyimbo n'kutha. Achimwene akapatuka, operekera zakudya ankaima ndi mathireyi m'manja, supu n'kuzizira.

Anaimba pa hotela ina Lamlungu lililonse masana kwa zaka makumi awiri ndi ziwiri. Anakwatira, ndipo alamu anga anapirira zaka zisanu ndi zinayi. Pochoka anandiuza kuti atopa kukhala mkazi wachiwiri wa munthu amene mkazi wake wamkulu ndi chitsulo. Sindinawaimbe mlandu. Kenako hotela inapeza manejala watsopano, ndipo manejalayo anapeza munthu mmodzi wa kiyibodi imene imalira ng'oma, gitala ndi lipenga lomwe ukangodina batani. Bandi ya anthu asanu inabalalika Lamlungu limodzi. Wa ng'oma anakakhala dalaivala. Achimwene anabwera ndi sutikesi ndi lipenga kudzakhala m'kachipinda kanga kakumbuyo, momwe ndimasunga nsalu, akuti kwa mwezi umodzi.

Ntchito ya mafilimu anaipeza chifukwa cha jekete ija. Wina anawaona nayo pa siteji ya basi n'kuwafunsa ngati angaime kumbuyo ndi lipenga. Tsiku loyamba, dairekita atakuwa kuti yambani, achimwene anauzira ndi mtima wonse. Wojambula mawu anavula zam'makutu zake n'kuziponya pansi. Palibe amene anawauza kuti kamera ikamayenda, amene amamveka ndi osewera okha, ena onse ndi zithunzi. Anawavulitsa sokosi n'kuikanikiza m'kamwa mwa lipenga. Kenako dairekita anati, "Bambo, tupitsani masaya, anthu aone kuti mukugwira ntchito." Achimwene anayesa kufotokoza kuti woliza bwino satupitsa masaya, mphepo imachokera m'mimba ndipo milomo imamangika. Anawayankha kuti panja pali wina amene akudikira malo omwewo. Anatupitsa. Kuyambira tsiku limenelo dzina lawo ndi a Masaya, ndipo ngakhale ana a m'dera lathu sadziwa lina.

Koma m'mawa uliwonse, ndisanatsegule shopu, ankaliza zenizeni kwa ola lathunthu. Ankatsegula wadiropu yodzaza madiresi a makasitomala anga n'kulozetsa lipenga m'menemo kuti aneba asadandaule. Ndinkakalipa kuti madiresi a eni ake anunkha mafuta a mabatani. Ankangoti, "Iwe Telala, madiresi akowa ndi okhawo amene amandimvera."

Chaka chatha mano awo awiri akutsogolo, am'mwamba, anayamba kugwedera. Anabisa kwa miyezi, mpaka ndinawapeza akuviika buledi mu tiyi ngati khanda. Ndinawakokera kwa dokotala wa mano. Dokotalayo anangowagwira ndi chala n'kupukusa mutu.

"Awiriwa atha, bambo. Nkhama zawola. Tizule lero, mafinya asanalowe m'fupa."

"Adokotala, lipenga limakhala pa mano amenewa."

"Tikupangirani oikirira."

"Oikirira ndi osekerera pa chithunzi. Pa msinkhu wangawu sindingayambirenso kuphunzira kuuzira."

Dokotala anandiyang'ana ine. "Mayi, auzeni."

Ndinawauza m'chipindamo, ndinawauza pamasitepe, ndinawauza m'basi anthu akutimvera. Pofika kunyumba anali atavomera kuti tipita Lachisanu. Lachinayi foni inalira.

Anali mayi wina amene kale ankanyamula mawaya pojambula mafilimu, koma tsopano anali dairekita payekha. Akuti tsiku lina, pa nthawi ya nkhomaliro, anawamva achimwene atachotsa sokosi kuseri kwa lole, ndipo sanaiwale. Filimu yake yatsopano inali ya bandi ya jazi. Ndinamva zonse chifukwa achimwene amaika foni pamokweza, makutu ayamba kuwanamiza.

"A Masaya, ndikufuna mulize zenizeni. Mphindi ziwiri, inu nokha, kamera pankhope ndi pazala. Mawu akhale anu omwe. Sokosi muisiye kuphazi."

"Liti?"

"Pakatha milungu itatu."

Foni itadulidwa anapitiriza kuiyang'anitsitsa. Ine ndinadziwa kuti za Lachisanu zafa.

Milungu itatu imeneyo sindikufuna kuikumbukira. Ankachukucha madzi a mchere kasanu patsiku ndi kumwa mapiritsi opha ululu ngati maswiti. Chakudya chinali supu basi. Jekete imene ndinaikulitsa kawiri ndinaichepetsa. Mu wadiropu munkatuluka mawu kwa mphindi khumi, kenako zii, kenako kubuula kwa munthu amene sakufuna kumveka. Mlungu wachiwiri tsaya lakumanzere linatupa lokha.

"Zaka zonsezi mumatupitsa dala, lero Mulungu wakupatsani laulere," ndinatero, kufuna kuti aseke.

Anaseka, kenako anagwira pakamwa, misozi ili mbwembwembwe. Apa ndinapsa mtima.

"Achimwene, mukufuna kufera mphindi ziwiri? Mafinya akalowa m'mutu, ine ndikauza anthu kuti mwafera filimu?"

"Iwe Telala, ukadzafa madiresi ako adzatsala m'nyumba za anthu. Wina adzavala n'kunena kuti anasoka ndi mayi uja. Ine ndidzasiya chiyani? Masaya. Anthu adzati panali mkulu wina wodziwa kunamizira."

Ndinali ndi mantha kuti afa, ndipo ndinalinso ndi mantha kuti akunena zoona. Ndinakawatenthetsera madzi ena a mchere.

Tsiku lojambula ndinapita nawo, chifukwa dairekita anandilemba kuti ndizikonza zovala zikang'ambika. Malo ake anali nyumba yosungiramo matiresi imene anaisandutsa bala. Inali teni koloko m'mawa, koma mawindo anawatseka ndi nsalu zakuda. M'matambula munali tiyi wozizira, ndipo m'chipindamo munkatentha ngati pansi pa simbi. Pamatebulo panakhala anthu pafupifupi makumi awiri ochita ngati makasitomala. Wosewera wamkulu, amene mufilimumo anali mwini bandi, anali bambo wa ndevu zodulidwa ngati anayeza ndi rula, ndipo onse ankangomutcha Ndevu. Iye ntchito yake inali kuima pambali n'kumagwedeza mutu.

Wojambula mawu anaika maikolofoni kutsogolo kwa achimwene. Kwa zaka khumi ndi zinayi chinthu chimenecho chinkawadutsa pamutu kupita kwa ena. Anachiyang'ana ngati mlendo amene sakudziwa pomukhazika.

"Yambani!"

Mawu oyamba anatuluka, ndipo ine thupi lonse linachita tsemwe. Anali iwo, a Lamlungu masana aja. Mawu asanu, kenako asanu ndi awiri, akukwera pang'onopang'ono. Ndevu anasiya kugwedeza mutu. Kenako pamene panafunika kukanikiza kuti akwere pamwamba, panangotuluka mphepo, fuu, ngati tayala lobooka.

"Palibe vuto, a Masaya. Tiyambirenso."

Kachiwiri anafika pomwepo n'kuthyoka. Kachitatu sanafike n'komwe. Kachinayi anatsegula kabowo kotulutsira malovu m'lipenga, ndipo pashati yoyera imene ndinasita m'mawawo panadontha magazi. Dairekita anaona. Anaimitsa zonse n'kunena mofatsa kuti tipume masiku awiri, aganize chochita. Achimwene anapukuta lipenga n'kuliika m'bokosi mosamala kwambiri, osayang'ana aliyense.

Apa ndi pamene ine ndinalowererapo, ndipo ndikufuna mudziwe kuti ndinachita ndi mtima wabwino. M'kabati ya makina anga osokera, pansi pa mabobini, ndinali ndi kaseti. Ndinaijambula ndekha ndili mtsikana, Lamlungu lina kuhotela kuja, ndi wailesi ya bambo imene ndinaibisa m'chikwama. Mumamveka masupuni, mumamveka ine ndikuseka, koma pakati pake pali mphindi zitatu za achimwene atapatuka, ali ndi mano onse. Iwo sankadziwa kuti ilipo. Masana omwewo ndinaitengera kwa wojambula mawu. Anaimvera maso ali psii, kenako anathamanga nayo kwa dairekita. Dairekita anandikumbatira.

"Mayi, mwatipulumutsa. Tiitsuka masupuniwo. Mawu akhala awo, nkhope yawo, zala zawo. Iwo angotsatira."

Ndinabwerera kunyumba ndikudziona ngati munthu wanzeru. Achimwene ndinangowauza kuti dairekita wapeza njira ndipo asavutike kuuzira. Ndinkafuna kuti ikhale mphatso.

Patapita masiku awiri tinabwerera m'nyumba ya matiresi ija. Anawaimika pakati, magetsi onse pa iwo. Dairekita anati, "Tikuikirani nyimbo, inu muzingoyendetsa zala." Ndinaona mapewa awo akugwa, koma anakweza lipenga. Sipika inalira.

Sanafike nalo pakamwa. Anaima chomwecho, lipenga m'malere, akumvetsera. Nyimbo inayenda mpaka kumapeto, munthu aliyense ali duu. Itatha anatembenuka kundifunafuna pakati pa mawaya.

"Iwe Telala, izi wazitenga kuti?"

"Ndinajambula ndine, achimwene. Tsiku limene ndinavala diresi yachikasu."

"Wandipha," anatero chapansipansi. Sindinamvetse. Ndinaganiza kuti ndi chisangalalo.

Anayambanso. Kamera inayandikira pazala. Achimwene anayamba bwino, chifukwa poyambira nyimbo ndi pa aliyense. Koma atafika popatukira, wa mu kaseti anakwera, zala za wa jekete zinatsika. Wa mu kaseti anapuma, zala zikuthamangabe.

"Dulani! A Masaya, tsatirani nyimbo."

Anayesanso. Anayesa kasanu. Thukuta linali kamukamu, tsaya lija likunyezimira. Wojambula mawu anawabwezera malo ovutawo kakhumi, iwo akumvetsera khutu lili pa sipika. Akaima kutsogolo kwa kamera, zala zinkangopita kwina.

"Koma bambo, ndi inuyo mukulizayo," anatero dairekita, mawu atayamba kuuma.

"Ndi ine, mayi, koma ndinaliza kamodzi. Tsiku limenelo, dzuwa limenelo. Sizinalembedwe paliponse. Zalazi zikamva poyambirapo zimapita kumene zikufuna lero. Sizinaphunzire kubwereza."

"Ndiye ziphunzitseni. Tili ndi ola limodzi, eni matiresi akufuna nyumba yawo."

Achimwene anapempha mphindi khumi. Anakakhala pakatoni m'kona, foni ya wojambula mawu ili kukhutu, akuwerenga ndi milomo ngati mwana woloweza ndakatulo. Munthu wa zaka makumi asanu ndi limodzi ndi zitatu akuyesa kubera mayeso kwa iye mwini. Ndinapita ndi madzi.

"Mnyamata ameneyu akuthamanga kwambiri," anandinong'oneza. "Sakundidikira."

Kachisanu ndi chimodzi anatsala pang'ono. Anagwira mpaka pakati, ine ndikupemphera ndi singano m'kamwa. Ndiye panafika malo amene wa mu kaseti amagwira liwu limodzi lalitali. Achimwene anatseka maso, anaiwala kamera, ndipo zala zinayamba kuyendayenda pamwamba pa liwulo, kulikongoletsa. Ine ndikudziwa kuti zimene zalazo zinkaliza zikanamveka, zikanakhala zokoma kuposa za mu kaseti. Koma pa galasi limene dairekita ankaonerapo zimene kamera ikujambula zinaoneka ngati munthu amene sanagwirepo lipenga.

Pamenepo Ndevu anakweza dzanja. Sanachite mwachipongwe, ndisamunamizire. Anati nyimboyo anamutumizira pafoni kuti adziwe pogwedezera mutu, ndipo waimvera masiku awiri osalekeza mpaka yamulowa. Anapempha kuti angoonetsa mkuluyo pamene akuphonya. Anatenga lipenga la achimwene, n'kuligwira mokhota ngati botolo. Sipika inalira. Munthu amene sadziwa kuti batani liti ndi la chiyani ankangodina paliponse pamene mawu asintha, ndipo zinagwirizana ndendende. Pamene wa mu kaseti anapuma, iye anapuma. Pa liwu lalitali lija anakweza lipenga kudenga, chala chili nji.

Dairekita anayang'ana galasi lake, anayang'ana wotchi, ndipo sanayang'ane achimwene. Anati nkhaniyo ikhoza kukoma kwambiri ngati mwini bandi ndi amene akuliza. Anati dzina la a Masaya alilemba kumapeto. Kenako anatembenukira kwa ine.

"Mayi, jeketeyo ingamukwane Ndevu?"

Ndinafuna kutukwana. Ndinafuna kulanda kaseti yanga n'kuiponda ndi chidendene. Ndinayang'ana achimwene kuti andipatse chilolezo ndi diso lokha. Iwo anali atayamba kale kumasula mabatani.

"Ifutukule pamapewa," anatero pondipatsa. "Nyimboyo ilowe. Ikapanda kulowa lero ibwerera m'mabobini ako."

Ndinaifutukula nditakhala pamatiresi, ndikulira, ulusi osauona bwino. Ndinadzibaya kawiri. Sindinadanepo ndi ntchito ya manja anga ngati tsiku limenelo.

Patebulo lakutsogolo panali mpando wopanda munthu, ndiye achimwene anawakhazika pamenepo ndi tambula ya tiyi, mbali yotupa ataitembenuzira kukhoma. Dairekita anafotokozera onse a pamatebulo kuti nyimbo ikatha aombe m'manja, koma manja asagundane, chifukwa mkazi wa mufilimumo ayankhula nthawi yomweyo ndipo mawu ake ayenera kumveka. Kuomba kwenikweni adzakuika pambuyo pake.

Kamera inayenda. Ndevu anaima mu jekete yofiira, masaya ali tutumu, ndipo lipenga la achimwene a zaka makumi atatu ndi zisanu ndi ziwiri linadzaza nyumba yonse. Ndinaona mtsikana wina wa patebulo lakumbuyo akupukuta m'maso, osati mochita kuuzidwa. Achimwene anamvetsera osaphethira, dzanja lili pansi pa tebulo, zala zikuyenda pabondo. Nyimbo itatha anthu ena anaiwala n'kuomba zenizeni, ndipo anabwereza kujambula. Kachiwiri anaiwala ena. Dairekita anagwira m'chiuno.

"Anthu inu, taonani a Masaya! Onani mmene akuchitiramo. A Masaya, aonetseni."

Achimwene anaimirira. Anakweza manja n'kuomba mwamphamvu, nkhope yowala, mapewa akugwedezeka, pakati pa zikhatho patatsala kampata kolowa chala chimodzi. Sipanamveke kanthu. Anthu anaseka n'kutengera, ndipo kachitatu zinatheka.

Magetsi atazimitsidwa anachotsa nsalu zakuda m'mawindo, ndipo kunja kunali kukadali masana. Ndevu anabweza lipenga n'kuthokoza ndi manja awiri. Achimwene sanalipukute. Analiika m'bokosi n'kundipatsa kuti ndinyamule ine, chinthu chimene sanandilolepo kuchigwira chibadwire changa. Ndinayamba kupepesa za kaseti. Anandidula.

"Iwe Telala, dokotala uja amatseka nthawi yanji?"

"Faifi."

Anayang'ana dzuwa, n'kugwira mano awiri aja ndi lilime.

"Tiyende msanga, tikampeza."